Manoel de Oliveira: Mpwitikizi amene ntchito yake inayamba kuyenda atadutsa zaka 60

Anthu otsata mafilimu a ku Ulaya akamva dzina la wopanga mafilimu Manoel de Oliveira amathamangira kutchula zaka zake. Anabadwira mumzinda wa Porto, kumpoto kwa Portugal, pa 11 Disembala 1908, ndipo anamwalirira komweko pa 2 Epulo 2015 ali ndi zaka 106. Filimu yake yoyamba anaijambula nthawi imene mafilimu a ku Portugal anali asanayambe kulankhula, ndipo ali ndi zaka 105 n'kuti akadauzabe anyamata poimika kamera. Zonsezi n'zoona, komabe zimaphimba chinthu china chodabwitsa kwambiri. Mukawerenga mafilimu ake ataliatali mupeza kuti pofika zaka 60 anali atapanga awiri okha. Enawo, pafupifupi 30, anawapanga pa msinkhu umene anzake amakhala atapuma pa ntchito kalekale.

Nanga zaka zonse zapakatizo anali kuti? Yankho lili m'ndale za dziko lake ndi m'matumba a anthu amene amalipira kuti filimu ijambulidwe. Ndipo kudikira kwa nthawi yaitaliko n'kumene kunasintha kajambulidwe kake, mpaka mnyamata wokonda liwiro anasanduka nkhalamba imene inkaimika kamera pamalo amodzi osaigwedeza.

Mwana wa mwini fakitale

Oliveira anakulira m'mwanaalirenji. Bambo ake, a Francisco José de Oliveira, anali ndi fakitale yoluka zingwe ndi maliboni okongoletsera zovala, komanso ndi amene anayambitsa ntchito yopanga mababu a magetsi m'dzikomo. Mnyamatayu anakaphunzira kwa ansembe a Chijezuwiti ku Galicia, kutsidya kwa malire m'dziko la Spain, popeza boma limene linachotsa mfumu mu 1910 linali litathamangitsa Ajezuwiti. Sukulu sanapite nayo patali. Mtima wake unali ku masewera: anali katswiri wodumpha ndi mtengo wautali, ndipo m'zaka za m'ma 1930 ankathamanga pa mipikisano ya magalimoto mpaka kukafika ku Rio de Janeiro. Mkulu wake, Casimiro, nayenso anatchuka ndi magalimoto omwewo.

M'kanema analowera khomo la zisudzo. Analembetsa pa sukulu ya osewera imene Rino Lupo, Mtaliyana wopanga mafilimu, anatsegula ku Porto, ndipo anaonekera pang'ono mu filimu ya Lupo ya mu 1928 yotchedwa Fátima Milagrosa. Mbali yooneka anaipeza mu 1933 mu A Canção de Lisboa, filimu yoyamba ya mawu imene inapangidwa yonse m'dziko la Portugal. Ndi nkhani ya mnyamata waulesi wophunzira udokotala ku Lisbon, amene amadya ndalama za azakhali ake akumudzi kwinaku akuwanamiza kuti anamaliza kale ndipo ali ndi chipatala chakechake. Tsiku lina azakhaliwo anangotulukira kuti adzaone chipatalacho. Amene anaba mitima ya anthu ndi Vasco Santana, Beatriz Costa ndi António Silva. Oliveira anasewera Carlos, mnzake wa mlesiyo, mnyamata wooneka bwino ndi wotchena, ngakhale kunena zoona thupi linali louma ndithu pamaso pa kamera. Apwitikizi amaionerabe filimuyi pa TV mpaka lero, moti ine ndimaganiza kuti anthu ambiri a kwawo anaona nkhope yake mu filimu ya mwiniwakeyi kuposa amene anakhala pansi n'kuonera filimu yopanga iye.

Pamene ankasewera Carlos n'kuti atalawa kale za kuseri kwa kamera. Anali ataonera filimu ya Mjeremani Walter Ruttmann ya mu 1927 yosonyeza tsiku limodzi la mzinda wa Berlin, ndipo anaona kuti filimu imatheka popanda osewera, bola zithunzi zidulidwe ndi kulumikizidwa mwaluso. Bambo ake anamugulira kamera, ndiye iye ndi mnzake António Mendes anayamba kutsetserekera ku doko la mtsinje wa Douro. Zimene anajambula kumeneko ndiye Douro, Faina Fluvial, ya mphindi pafupifupi 20, yopanda mawu. Muli mlatho wachitsulo wa Dom Luís, ng'ombe zokoka ngolo, amuna otsitsa malasha ndi nsomba zouma m'maboti, amayi opanda nsapato atasenza madengu. Zithunzi zimasinthana mwaliwiro, china chojambulidwa pamwamba pa mlatho, china pansi penipeni pa mapazi a anthu, china kamera itapendekeka dala.

Mu Seputembala 1931 filimuyi inaonetsedwa ku Lisbon pa msonkhano wa olemba zowunika zisudzo ndi mafilimu ochokera m'mayiko osiyanasiyana. Eni dziko anaikuwiza mpaka kupondaponda pansi. Chinawawawa n'chakuti alendo aonetsedwa anthu osauka a mapazi ong'aluka m'malo mwa nyumba zachifumu. Alendowo, kuphatikizapo wolemba masewero wa ku Italy Luigi Pirandello ndi Mfalansa Émile Vuillermoz, anaiyamikira. Kunyozedwa kwawo ndi kutamandidwa kunja kunamutsata munthuyu pafupifupi moyo wake wonse.

Mmene boma limatsekera filimu popanda kumanga munthu

António de Oliveira Salazar (palibe chibale, angofanana dzina) anakhala nduna yaikulu kuyambira 1932 mpaka 1968, ndipo ulamuliro wake wotchedwa Estado Novo unapitirira mpaka 1974. Chipani chinali chimodzi, apolisi achinsinsi anali paliponse, ndipo nyuzipepala, mabuku ndi mafilimu zinkayamba zadutsa m'manja mwa akuluakulu a boma ozisefa. Komabe chimene chinamugwira manja Oliveira kwenikweni ndi ndalama. Mlakatuli amangofuna pepala ndi pensulo, ndipo boma likalusa amabisa ndakatulo zake m'sutikesi. Wopanga filimu amafuna mipukutu yojambulira yochokera kunja, magetsi, malo otsukira zithunzi, gulu la anthu olipidwa tsiku ndi tsiku, kenako nyumba zoonetsera zomwe zingavomere kuionetsa. Mu 1940 Portugal inali ndi anthu osakwana 8 miliyoni, ndipo pafupifupi theka la iwo sankadziwa kuwerenga. Pa msika waung'ono choncho, filimu imene inkabweza ndalama zake ndi yoseketsa, ya nyimbo zachikhalidwe za kumeneko zotchedwa fado, kapena yotamanda mbiri ya dziko. Zina zonse zinkadalira boma. Ofesi ya zofalitsa mfundo za boma, imene António Ferro ankatsogolera, ndiyo inkasankha zoyenera kuthandizidwa, ndipo kuyambira 1948 panakhazikitsidwa thumba lapadera la ndalama za mafilimu. Wosagwirizana ndi kukoma kwa akuluakuluwo ankangoyankhidwa kuti ndalama palibe, nkhani n'kuthera pomwepo.

Mwayi umodzi anaupeza mu 1942, pamene António Lopes Ribeiro, munthu wogwirizana ndi boma koma wodziwa luso, anamupezera ndalama za Aniki-Bóbó. Osewera ake ndi ana a m'makwalala a m'mbali mwa mtsinje ku Porto. Carlitos, mwana wamanyazi, ndi Eduardo, mtsogoleri wa kagulu, akulimbirana mtsikana dzina lake Teresinha. Carlitos akuba chidole m'sitolo, ndipo usiku akukwawa pa madenga a nyumba kukachipereka pawindo la mtsikanayo. Tsiku lina anawo atathawa sukulu kukaonera sitima, Eduardo akuterereka n'kugwera m'mbali mwa njanji, ndipo onse akuloza chala Carlitos kuti ndiye wamukankha. Amene akumupulumutsa ndi mwini sitolo uja, yemwe ankamulondola chifukwa cha chidole ndipo anaona zonse. M'filimuyi mphunzitsi ndi wapolisi ndi anthu oopedwa basi, ndipo mwana wakuba ndiye amene woonera amamumvera chisoni. Olemba nyuzi ena anati ikuphunzitsa ana makhalidwe oipa, ndipo anthu sanabwere kudzaionera. Lero Apwitikizi amaiwerengera pa mafilimu okondedwa kwambiri a dziko lawo, koma panthawiyo inamutsekera zitseko.

Panapita zaka 14 asanagwirenso kamera. Anali atakwatira Maria Isabel Carvalhais mu 1940, anabereka ana anayi, ndipo nthawi yake inkathera ku fakitale ndi ku minda ya mphesa ya m'chigwa cha Douro. Ankalembabe nkhani za mafilimu, n'kumazitumiza, n'kumakanidwa. Imodzi mwa izo, ya wojambula zithunzi amene aitanidwa usiku kuti akajambule mtembo wa mtsikana ndipo mtembowo ukumumwetulira m'kamera, anailemba mu 1952. Anadzaijambula mu 2010, atapitirira zaka 100.

Zimene anaphunzira kwa alimi a ku Curalha

Mu 1955, chaka chimene m'Portugal simunatuluke filimu yaitali yatsopano ngakhale imodzi, Oliveira anapita ku Germany kukaphunzira kujambula zithunzi za mitundu ku kampani ya Agfa. Anabwerako ndi zida zake, n'kuyamba kupanga mafilimu aafupi pafupifupi yekha: ina ya mzinda wa Porto kudzera m'maso a wojambula pamanja António Cruz mu 1956, ina ya ulendo wa buledi kuchokera m'munda wa tirigu mu 1959.

Filimu imene inasintha zonse ndi Acto da Primavera ya mu 1963. M'mudzi wa Curalha, pafupi ndi tauni ya Chaves m'mapiri a Trás-os-Montes, alimi ankachita sewero la masautso a Yesu chaka chilichonse pa Sabata Loyera, pogwiritsa ntchito mawu olembedwa m'zaka za m'ma 1500. Oliveira anawapempha kuti alichitenso pamaso pa kamera. Sanabise kalikonse. Kumayambiriro mumaona anthu akuchokera kumunda, akuvala zovala za sewero, mumaonanso kamera ndi anyamata ake akukonza zida. Kenako alimiwo akuyamba kulankhula mawu akalekale aja mokweza, mokoka, ngati akuimba, mosafanana n'komwe ndi mmene munthu amalankhulira kunyumba. Amene anaonapo Njira ya Mtanda yochita kusewera pa Lachisanu Loyera m'maparishi athu akudziwa mmene zimakhalira: aliyense akudziwa kuti wasenza mtandayo ndi mwana wa uje, ndevu zake n'zomata, asilikali ndi anyamata a m'kwaya, koma amayi akulira misozi yeniyeni. Oliveira anagwira mfundo imeneyi osaitayanso. Woonera sasowa kunamizidwa kuti akuona moyo weniweni. Mukhoza kumuonetsa poyera kuti ili ndi sewero, ndipo lidzamukhudzabe, mwinanso kuposa. Yesu ataikidwa m'manda, filimuyo imalumphira ku zithunzi zenizeni za nkhondo ndi bomba la atomiki, kenako n'kubwerera ku mitengo yochita maluwa.

Chaka chomwecho apolisi achinsinsi a PIDE anamugwira chifukwa cha zimene analankhula pagulu filimuyi itaonetsedwa. Anamutengera ku Lisbon n'kumusunga masiku angapo akumufunsa mafunso. Ndiyenso panali A Caça, filimu yaifupi ya anyamata awiri opita kosaka opanda mfuti. Mmodzi akutitimira m'dambo la matope, mnzake akuthamangira kumudzi kukaitana anthu, ndipo amuna akugwirana manja kupanga mzere kuti amuvuule. Amene ali kutsogolo kwa mzerewo, woyenera kumugwira mnyamatayo, ndi munthu woduka dzanja. Akumbuyo akuyamba kukangana, mzere ukuduka. Akuluakulu osefa mafilimu anaona bwino lomwe zimene fanizoli likunena za dziko lawo, ndipo analamula kuti awonjezere mathero osonyeza kuti apulumutsidwa. Masiku ano imaonetsedwa ndi mathero onse awiri.

Ndalama za mafuta, asilikali, ndi nyumba yogulitsidwa

Chimene chinamutsegulira njira ndi chuma cha munthu wakufa. Calouste Gulbenkian, Mwameniya amene analemera ndi gawo la 5 peresenti m'kampani ya mafuta a ku Iraq, anakhala ku Lisbon kuyambira 1942 mpaka imfa yake mu 1955, ndipo chuma chake chinakhazikitsa bungwe lothandiza zaluso ndi maphunziro mu 1956. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960, achinyamata opanga mafilimu a mtundu watsopano, monga Paulo Rocha ndi Fernando Lopes, anapanga gulu lawo lotchedwa Centro Português de Cinema, ndipo bungwe la Gulbenkian linavomera kulipatsa ndalama. Achinyamatawa ankamuona Oliveira ngati kholo lawo, choncho pa mafilimu oyamba kulandira thandizo anaikapo yake. Inatuluka mu 1972, iye ali ndi zaka 63: O Passado e o Presente, nthabwala yowawa ya mayi wolemera amene amayamba kukonda mwamuna wake pokhapokha mwamunayo akamwalira.

Pa 25 Epulo 1974 asilikali otopa ndi nkhondo za ku Africa anagwetsa boma la Marcelo Caetano, amene analowa m'malo mwa Salazar. Osefa mafilimu anatha ntchito. Kwa Oliveira ufuluwu unabwera ndi mtengo wake, chifukwa antchito analanda fakitale ya banja lake, bizinesi inagwa, ngongole zinatsala pa mutu pake, ndipo mapeto ake anagulitsa nyumba imene anakhalamo zaka 40 mumsewu wa Vilarinha ku Porto. Asanatulukemo anajambula filimu yoyendera zipinda za nyumbayo, akufotokoza za makolo ake, mkazi wake, chikhulupiriro chake ndi masiku aja a m'manja mwa PIDE. Anaitcha Visita ou Memórias e Confissões, n'kuipereka ku nyumba yosunga mafilimu ya boma ndi lamulo lakuti isaonetsedwe kwa anthu onse iye ali moyo. Munali mu 1982, ali ndi zaka 73, ndipo zikuoneka kuti ankadziona ngati watsala pang'ono. Filimuyo inadikira zaka 33.

M'zaka zimenezi ndi mmene kajambulidwe kodziwika ndi dzina lake kanakhwimira, ndipo ndi pano pamene oonera ambiri amagwa mphwayi. Tengani Amor de Perdição, yochokera m'buku la Camilo Castelo Branco la mu 1862 lonena za Simão ndi Teresa, achinyamata okondana a m'mabanja odana. Anthu ambiri akamasandutsa buku kukhala filimu amatola zochitika n'kutaya mawu. Oliveira anasunga mawuwo pafupifupi onse. Wina amawerenga nkhani kuseri, makalata amawerengedwa athunthu, osewera amaima ngati a pachithunzi, ndipo zonse zimatenga maola opitirira anayi. TV ya boma inaionetsa m'zigawo mu 1978, yopanda mitundu chifukwa TV ya ku Portugal inali isanayambe kuulutsa za mitundu, ndipo anthu anainyoza koopsa. Inali nthawi yoti dziko lonse likukangana za minda ndi mafakitale, ndiye wina akubweretsa chikondi cha ana a mabwana a zaka 100 zapitazo. Chaka chotsatira inaonetsedwa ku Paris m'nyumba za kanema, ya mitundu, ndipo Afalansa anaigwadira.

Maganizo ake anali akuti mawu nawonso ndi chinthu choonera. Ankanena kuti chimene chilipo ndi sewero, ndipo kanema ndi njira yongolisungira. Kamera ikamayendayenda, woonera amatsata kamerayo. Ikaima, amakakamizika kumvetsera chiganizo mpaka kumapeto ndi kuyang'ana nkhope ya wochilankhula. N'chifukwa chake mu Francisca ya mu 1981 osewera nthawi zambiri amalankhula atayang'ana kutsogolo m'malo moyang'anana, ndipo zokambirana zina zimabwerezedwa kawiri kamera itasintha mbali. Mu Le Soulier de Satin ya mu 1985, sewero la Paul Claudel la maola pafupifupi 7, nyanja ndi mitambo n'zopenta. Pali amene amati munthuyu sankadziwa kuyendetsa kamera. Amenewo sanaonere filimu ya padoko ija ya mu 1931. Liwiro ankalidziwa bwino, anachita kulisiya. Ine ndimaonanso kuti kajambulidwe kameneka kanali koyenera dziko la ndalama zochepa, chifukwa chipinda chimodzi, osewera ochepa ndi mawu abwino sizifuna chuma cha ku Hollywood.

Francisca ndi imenenso inamulumikiza ndi anthu awiri ofunika. Woyamba ndi Agustina Bessa-Luís, mayi wolemba mabuku wa kumpoto komweko, amene nkhani zake zinabala mafilimu angapo, kuphatikizapo Vale Abraão ya mu 1993. Wachiwiri ndi Paulo Branco, katswiri wosaka ndalama za mafilimu, amene anali ndi phazi limodzi ku Lisbon lina ku Paris. Branco ankaphatikiza thandizo la boma la Portugal, ndalama za ku France ndi za ma TV, ndipo Portugal italowa m'bungwe la mayiko a ku Ulaya mu 1986 zitsime zinawonjezeka. Kuyambira 1990, mkulu wa zaka zopitirira 80 uja anayamba kutulutsa filimu pafupifupi chaka chilichonse. Luso linalipo kuyambira kale. Chatsopano chinali munthu wodziwa kogogoda.

Filimu imene imatikhudza ife

Pa mafilimu ake onse, ya mu 1990 yotchedwa Non, ou a Vã Glória de Mandar ndi imene ili pafupi ndi mbiri ya kuno kwathu. Imayamba ndi kamera ikuzungulira mtengo waukulu kwa nthawi yaitali, kenako mukuona lole ya asilikali a Chipwitikizi ikudutsa m'tchire la ku Africa mu 1974. Asilikaliwo akufunsana chimene akumenyera nkhondo. Mkulu wawo wamng'ono, Cabrita, amene amaseweredwa ndi Luís Miguel Cintra, anaphunzira mbiri yakale, ndiye akuyamba kuwasimbira. Sakuwasimbira za kupambana monga ankaphunzitsira m'sukulu za Salazar. Akuwauza za nthawi zonse zimene Portugal inagonja pofuna kulamulira ena, ndipo nkhani iliyonse imaseweredwa ndi asilikali omwewo atavala zakale. Yaikulu ndi nkhondo ya ku Alcácer Quibir, ku Morocco, mu Ogasiti 1578, kumene mfumu Sebastião wa zaka 24 anatayika pamodzi ndi gulu lake lankhondo. Patangopita zaka ziwiri dziko linagwa m'manja mwa mfumu ya Spain mpaka 1640, ndipo kwa zaka mazana Apwitikizi ena ankakhulupirira kuti Sebastião adzabweranso m'mawa wa nkhungu kudzawapulumutsa. Cabrita akuvulala, ndipo akumwalira m'chipatala pa 25 Epulo 1974.

Nkhondo imeneyi si yachilendo kwa anthu a ku Tete ndi ku Niassa. Inayamba ku Angola mu 1961, ku Guinea mu 1963, ndi ku Mozambique mu 1964. Mu Disembala 1972 asilikali a Chipwitikizi anapha anthu wamba mazana angapo ku Wiriyamu, kufupi ndi tauni ya Tete, ndipo m'zaka za nkhondoyo anthu ambiri anathawira ku Malawi ndi ku Zambia. Woonera wochokera m'mabanja amenewa aona msanga chimene chikusowa m'filimuyi. Eni dziko sapatsidwa mpata wolankhula. Amaoneka pang'ono chabe, ngati adani obisala m'tchire. Ndi filimu ya Apwitikizi akudzifunsa okha, ndipo bala limene ikupima ndi lawo. Ndi yoona mtima pa zimene ikunena, koma theka lina la nkhaniyo silili mmenemo.

Wosewera wakale pakati pa osewera otchuka

Dzina lake litakula, akatswiri otchuka anayamba kubwera okha. Catherine Deneuve ndi John Malkovich anasewera mu O Convento mu 1995. Marcello Mastroianni anasewera filimu yake yomaliza kwa Oliveira, ya mu 1997, ngati dayilekita wokalamba dzina lake Manoel amene akuyendera malo a ubwana wake. Pambali pa alendowa panali gulu lake la nthawi zonse: Cintra, Leonor Silveira, Diogo Dória, ndi mdzukulu wake Ricardo Trêpa. Mwiniwakeyo sanasiyiretu kusewera. Mu Lisbon Story ya Wim Wenders ya mu 1994 amalankhula pa maikolofoni za Mulungu ndi kukumbukira, kenako n'kuchoka mumsewu akuyenda motsanzira Charlie Chaplin. Mu Inquietude ya mu 1998 amavina tango ali ndi zaka pafupifupi 90, ndipo mu 2007 anasewera pamodzi ndi mkazi wake mu filimu yonena za Christopher Columbus.

Kuti muone mmene ankamvetsera ntchito ya wosewera, onerani Je rentre à la maison ya mu 2001. Michel Piccoli akusewera katswiri wa zisudzo wokalamba wa ku Paris. Ali pa siteji, kuseri kukufika uthenga woti mkazi wake, mwana wake wamkazi ndi mkamwini wake afa pa ngozi ya galimoto. Wina aliyense akanationetsa misozi ndi maliro. Oliveira akudumpha zonsezo. Tikumuona bamboyo patapita nthawi, akumwa khofi pa tebulo lake la masiku onse, akusewera ndi mdzukulu wake wamasiye, akugula nsapato zatsopano. Pamene mnzake woyendetsa ntchito zake akumufunsa za kusungulumwa, kamera ili pansi pa tebulo, ikuyang'ana nsapato zija zikugwedezeka. Kenako akuvomera mbali mu filimu ya Chingelezi imene sinamuyenere, akumuveka tsitsi lonamizira kuti aoneke wachinyamata, ndipo mawu akuyamba kumuthawa. Poyeserera, kamera ikukhala pa nkhope ya dayilekita, amene ndi Malkovich, akumva mkuluyo akuphonya mawu. Tsiku lojambula, bamboyo akungonena kuti akupita kunyumba, n'kutuluka mumsewu ndi zovala za sewero zomwezo. Anaipanga ali ndi zaka 92, ndipo pa mafilimu onena za ukalamba ndi ochepa amene amafika pamenepa.

Mphoto za pa zikondwerero zikuluzikulu za mafilimu zinabwera zambiri: Mkango wa Golide wapadera ku Venice mu 1985 ndi mu 2004, mphoto ya oweruza ku Cannes mu 1999, ndi Palme d'Or yaulemu ya ku Cannes komweko mu 2008. Kwawo mkangano sunathe. Dzina lake linasanduka nthabwala ya chinthu chochedwa ndi chotopetsa, ngakhale pakamwa pa anthu oti sanaonerepo filimu yake, ndipo ena ankafunsa chifukwa chimene misonkho yawo ikulipirira mafilimu odzaza maholo a ku Paris pamene ku Lisbon mipando ili mbee. Funsoli si lopusa. Kungoti dziko la anthu 10 miliyoni likasiyira msika wokha kuti usankhe, limabwerera ku zimene zinkachitika nthawi ya Salazar, pamene zoseketsa, za nyimbo ndi zotamanda mbiri ya dziko zokha n'zimene zinkadzilipira. Ndiponso si mafilimu ake onse amene ali abwino. Munthu wopanga filimu chaka ndi chaka amaphonya, ndipo ena mwa a m'zaka za m'ma 2000 amamveka ngati phunziro la m'kalasi.

Filimu yake yaitali yomaliza, O Gebo e a Sombra ya mu 2012, anaijambula m'Chifalansa, pafupifupi yonse m'chipinda chimodzi, ndi Michael Lonsdale, Claudia Cardinale ndi Jeanne Moreau. Atamwalira boma linalamula masiku awiri a maliro a dziko lonse, anaikidwa m'manda a Agramonte ku Porto, ndipo filimu ya nyumba ija inaonetsedwa patangopita milungu yochepa, ku Porto ndi ku Cannes. Zolemba ndi zithunzi zake zikusungidwa ku Casa do Cinema Manoel de Oliveira, m'munda wa Serralves ku Porto, imene inatsegulidwa mu 2019.

Wofuna kumuyesa asayambire pa filimu ya maola 7 ija. Aniki-Bóbó ndi ya mphindi pafupifupi 70 ndipo ngakhale mwana akhoza kuitsata. Ikatero pabwere Je rentre à la maison, ya ola limodzi ndi theka, kenako Non kwa amene mbiri ya Mozambique imamukhudza. Vale Abraão, ya maola opitirira atatu, idikire mpaka khutu litazolowera kumvetsera ziganizo zazitali.